A Makwinja ndi Makanema Oonera Kamodzi

Chaka chatha ndinataya izi. Mkazi wanga, Tiyamike. Lachisanu, poti ndilo tsiku lokhalo limene tinkakhala limodzi osayang'ana wotchi. Zonse zimene zinali m'foni yake. Foniyo ilipo, koma nambala yotsegulira anapita nayo. Tulo. Dzina loti amuna a Tiya.

Sabata yatha kwabwera uthenga wochokera ku Blantyre woti a Makwinja atisiya. Ndinauwerenga ndili pageti la nyumba yosanja imene ndimalondera ku The Pearl, kuno kudziko la Aarabu, ndipo ndinangozindikira ndikuyenda: kuchoka pageti kukafika kumene amaimika maboti, kubwerera, kupitanso, mpaka mlonda mnzanga wa ku Nepal anandifunsa ngati ndagwetsa makiyi. A Makwinja akanandiona akanakondwa. Ankanena kuti munthu akakhala pansi ndiye kuti wasiya kuganiza, wayamba kudikira.

Iwo sankakhala pansi. Tiyi ankamwa ali chiimire, mpunga ankadya akuzungulira tebulo. Ntchito yawo inali yokhala pansi ndithu, chifukwa anali dalaivala wa basi yonyamula antchito a hotela imene Tiya ankakonzako zipinda, koma ngakhale pampando umenewo thupi lawo silinkavomera. Pamaloboti zala zinkaimba ng'oma pachiwongolero, bondo likugwedera, maso akudumpha kuchoka pagalasi ili kupita pa ilo. Kuno Mmalawi wa imvi ndi wosowa, makampani amafuna anyamata, choncho tonse tinkangowatchula madala. Ine ankanditchula aphunzitsi, chifukwa ndinaphunzira za uphunzitsi ku koleji ngakhale kutsogolo kwa kalasi sindinaimepo. Sindikudziwa ngati unali ulemu kapena chipongwe.

Anali munthu wovuta, ndisaname. Akabwereka chaja sinkabwerera. Ankadula anthu mawu pakamwa. Tsiku lina anaimika m'mbali mwa msewu basi yodzaza anthu ochedwa kale kuntchito, chifukwa anaona mthunzi wa makina onyamulira zitsulo ukukwawa pamchenga, ndipo anatsika kukaujambula. Supavaiza anawakalipira pamaso pa aliyense, iwo n'kumangoti, "Mafi mushkila, bwana," ndiko kuti palibe vuto m'Chiarabu chimene tonse tinatolera kuno, maso ali pafoni.

Kujambulako ndiko kunali moyo wawo weniweni. Foni yakale ankaimangirira ndi malegeni kunsonga kwa mpini wa mopu, n'kuitsitsa mpaka kutsala pang'ono kukhudza pansi. Nkhope sankajambula. Ankajambula mapazi, mithunzi, madzi a wokolopa akuuma pamiyala ya hotela. Nthawi zina ankapaka vaselini pagalasi la kamera kuti zinthu zioneke ngati zikusungunuka, nthawi zina ankajambulira kuseri kwa botolo la madzi. Mawu ankajambula paokha n'kuwasokoneza dala. Ukuona nyanja, koma ukumva mkonono wa makina oziziritsira m'nyumba. Ukuona nsapato za alonda zikutsika m'basi, koma ukumva mbalame.

Ankaonetsa Lachisanu masana, nkhomaliro itatha, dzuwa likatsekera aliyense m'nyumba. Ku Al Thumama, m'nyumba yaikulu imene mwini wake anaidula ndi mabolodi kuti mugone anthu ambiri, munali kachipinda kosungiramo katundu kunsi kwa masitepe, kopanda zenera. Anapaka khoma limodzi penti yoyera, n'kugula kapulojekita kakale kochepa ngati njerwa. Tinkapanikizana mmenemo pamatiresi otha, thukuta lili chuchuchu. Amayi ogwira ntchito m'nyumba za ku Al Hilal, amene apatsidwa tchuthi tsikulo, ankabweranso.

Wonyoza wamkulu anali Yohane, mlonda wa ku Dedza.

"Madala, tayamba kale kapena mukuyesa makina?"

"Khala chete uone."

"Ndikuona, koma mkulu wa zigawenga sakutuluka. Afe ndani mufilimu imeneyi?"

"Ufa ndiwe, ndi umbuli."

"Dikirani, dikirani! Nsapato iyo ndi yanga! Chidendene icho ndachidziwa! Anthuni, ndatchuka. Auzeni a ku Dedza."

Kanema akatha, ena akadali kuseka ena akudandaula, iwo ankakweza foni m'mwamba kuti aliyense aone, n'kufufuta. Kenaka ankalowa kumene foni imabisa zofufutidwa n'kufufutanso. "Khalas," ankatero, zatha. Wochedwa wachedwa. Wopempha kubwereza ankauzidwa kuti akanayang'anitsitsa.

Pa lamulo limeneli ndinakangana nawo kangapo Tiya ali moyo. Ine ndi sukulu yanga ndinkati ntchito yaluso imayenera kusungidwa kuti ana adzaione, ndipo munthu amene wavutika ndi chinthu milungu yambiri n'kuchipha tsiku limodzi akudzinyoza yekha. Iwo ankayankha akuyenda uku ndi uku, kuti chinthu chosungidwa chimapeza mwini, ndipo mwiniyo sakhala iwe nthawi zonse. Ankanenanso kuti munthu amayang'ana ndi maso onse awiri chinthu chokhacho chimene akudziwa kuti sachionanso. Tiya ankandikoka malaya. "Asiyeni madala, inu. Makanema ndi awo."

Kumene lamulolo linachokera sindinakumve kwa iwo. Anandiuza ndi mayi Nasibeko, amene amaphika m'nyumba ina ku Al Hilal, ndipo anakulira nawo mumzere umodzi wa nyumba ku Ndirande. Tinali panja titatha kuonera, tikudikira takisi yawo, ndipo ndikuganiza kuti anali atatopa kundimva ndikulalikira.

Zinali m'zaka zimene anthu anayamba kutopa ndi chipani chimodzi. A Makwinja anali mnyamata wotsuka zithunzi musitudiyo ina ku Limbe. Iwo ndi anzawo ankakumana kuseri kwa shopu ya wokhoma zidebe. Atsikana ankafika atavala chitenje n'kuchivula akalowa, m'kati muli buluku loletsedwa, ndipo ankamvetsera makaseti amene munthu sakanayerekeza kuwaimba pakhonde. Anali ndi kamera yakale yochita kupukusa, yosiyidwa ndi mphunzitsi wina wakunja. Filimu yatsopano inkasowa, choncho ankatola zotayidwa, kuziviika mu jiki kuti zithunzi zakale zichoke, n'kumakanda ndi singano, kupaka inki ndi mankhwala a zilonda apepo aja. Akaunikira pansalu ya pabedi, pankathamanga mizere ndi madontho ngati matalala. Mayi Nasibeko akuti sankamvetsa kalikonse, koma ankatuluka mtima ukugunda ngati achita choletsedwa, ndipo chinalidi choletsedwa.

Antchito a m'mafakitale atatuluka kukachita zionetsero mumsewu, a Makwinja anaika kamera m'chikwama chogulira zinthu, ataboola m'mbali, n'kulowa m'gululo chikwamacho chikulendewera pabondo. Anajambula mapazi okhaokha, dala, kuti pasadzadziwike munthu: mapatapata, majombo, mapazi opanda nsapato, fumbi, kenaka mapazi omwewo akubalalika. Ataonetsa kuseri kwa shopu kuja, anthu analira. Mnzawo wina anapempha kuti asunge filimuyo, akaonetse ophunzira ku Zomba. Isanapite, nyumba yake inasechedwa. Amuna amene anaitenga anali ndi nthawi. Anaionera, kuibweza, kuioneranso, mpaka anazindikira nsapato imodzi yosokedwa ndi waya mopingasa kunsonga. Inali ya mesenjala wa muofesi ina, amene tsiku limenelo anauza mabwana ake kuti wadwala. Anabwera kudzamutenga m'mawa. Atabwerera patapita miyezi, nsapato sankavalanso. Mapazi ake sankalowa.

Ndinawafunsa mayiwo kuti za wayazo akuzidziwa bwanji.

"Ndinkazipukuta ndine nsapatozo," anatero. "Anali achimwene anga."

"Ndiye mumabwerabe kudzaonera?"

"Nanga anawamenya ndi iwowa? Ndimabwera. Koma mudzaonetsetse akamafufuta. Amayang'ana aliyense, ine ayi."

Mapazi a Tiya anawajambula miyezi ingapo iye asanamwalire. Ife, ngakhale tinali pabanja, aliyense ankagona kumene kampani yake inamuika, choncho amene ankamuona m'mawa uliwonse sanali ine. Anali a Makwinja, pagalasi la m'mbali la basi, iye akutuluka pageti la nyumba ya atsikana a hotela kubwera kumene basi imaima. Anamupempha, iye anavomera. Zinandidabwitsa, chifukwa ine ndikamulozetsa foni kuti ndijambule vidiyo ankaphimba ndi chikhatho. Lachisanu limene anaonetsa ndinaitanidwa kuntchito kukalowa m'malo mwa mnzanga wodwala. Madzulo Tiya anandiimbira akuseka. Anati waona mapazi ake pakhoma, aakulu ngati zitseko, ndipo sankadziwa kuti amayenda ngati munthu amene waiwala mphika pamoto. Ndinati zilibe kanthu, ndidzaona wina.

Tiya anagwa ali pantchito, mapilo ali m'manja. Madokotala anati mtsempha wa m'mutu. Ndinaperekeza thupi kumudzi, tinaika, ndinabwerera kudzamaliza kontrakiti. Zithunzi zake ndili nazo zambiri, koma monsemo waima chilili, akumwetulira kumwetulira kwa pachithunzi. Chimene chinandisautsa nditabwerera n'chakuti ndinayamba kuiwala mmene ankayendera. Nkhope ndinkaikumbuka. Koma ndikatseka maso kuti abwere kwa ine, sankasuntha.

Ndinawapeza a Makwinja pamalo oimika mabasi akupukuta magalasi.

"Madala, kanema uja munajambula Tiya uja."

"Anapita, aphunzitsi. Inu munali pa duty."

"Foni imasunga zinthu. Kumsika wa mafoni kuli anyamata amadziwa kubweza zofufutidwa."

"Kumene zimabisalako ndimapitako. Mumandiona."

"Ngakhale kachidutswa? Zimene munadula n'kutaya?"

"Palibe."

Ndinawauza zambiri, mawu osakweza. Ndinati boma limene amaliopalo linagwa ine ndisanabadwe. Ndinati palibe wapolisi padziko pano amene akufuna nsapato za mkazi wanga. Ndinati anali ndi chinthu chimodzi chokha chimene chikanandithandiza, ndipo anachitaya chifukwa cha mantha a anthu amene ambiri a iwo anafa kale. Anazungulira basi akumenya matayala ndi phazi, limodzilimodzi, n'kuzunguliranso. Kenaka anati, "Yalla, ndapita, aphunzitsi, ndili ndi trip," n'kukwera.

Kwa kanthawi sindinapite kunsi kwa masitepe kuja. Lachisanu ndinkakwera sitima ya pansi pa nthaka kukafika kumathero, kutsika, kukwera yobwerera. Tsiku lina a Makwinja anandiimbira foni, opanda moni. "Lachisanu mubwere msanga, ena asanafike."

Ndinawapeza okha, chitseko chili chotsegula, pulojekita yatentha kale. Anandilozera matiresi, iwo n'kuima kumbuyo kwanga. Sanafotokoze kanthu. Zimene anachita ndinazimva pambuyo pake kwa mlonda wa pageti la atsikana, amene ankaganiza kuti madala azungulira mutu. M'mawa uliwonse, atsikana asanayambe kutuluka, ankaimika basi, kutsika ndi mpini wawo wa mopu, kuima pageti, n'kuyenda okha kubwerera kubasi foni ili pansi. Akafika ankapukusa mutu n'kubwereranso pageti. Anachita zimenezi milungu ingapo.

Pakhoma panaoneka njerwa za m'mbali mwa msewu. Panalibe phazi, panalibe mthunzi wa munthu. Njerwazo zinayamba kuthamanga, chifukwa wotuluka pagetiyo wachedwa. Mwadzidzidzi zinaima, monga aima munthu wofufuza chiphaso m'chikwama. Zinayambanso kuyenda, zitapendekera pang'ono kumanzere, chifukwa chikwama chili paphewa la kumanja. Panabwera chivundikiro chachitsulo cha ngalande, ndipo chithunzi chinachizemba, kuchizungulira, poti iye sankaponda zitsulo zimenezo, ankati tsiku lina zidzam'meza. Pamthunzi wa mpanda liwiro linachepa, ngati munthu akuba kamphepo. Kenaka timasitepe tiwiri tofulumira, kadumpho kakang'ono potsika mumsewu, ndi chopondera cha basi chikubwera.

Anali iye. Anali Tiya akuyenda. Zimene ndinachita m'kachipinda kaja sindilemba.

Khoma litayera, ndinamva a Makwinja akusolola waya. Ndinatembenuka, foni ili kale m'mwamba, chala chili pafupi. Ndinawagwira dzanja. Sindinagwirepo munthu wamkulu chotero. Mkono wawo unali woonda kuposa mmene unkaonekera m'malaya.

"Uyu yekha ayi, madala."

"Mwamuona, aphunzitsi."

"Ndamuona. Uyu yekha ayi."

Tinakhala choncho, pulojekita ikulira. Sindinawaonepo ataima malo amodzi nthawi yaitali ngati imeneyo. Kenaka anatsitsa dzanja, kulumikizanso waya, n'kuika foni pamatiresi pambali panga.

"Ndi wanu. Koma ine sindionera kawiri."

Anatuluka n'kutseka chitseko. Ndinawamva pamwamba pa mutu wanga akukwera masitepe, kutsika, kukweranso.

Ndinayambitsanso. Njerwa zinathamanga, zinaima, zinapendekera. Chivundikiro chinabwera, chithunzi chinachizungulira. Ndinadikira. Ndinaona kuti njerwa ina ndi yosweka, ndi kuti pali chotsekera botolo chimene poyamba sindinachione. Ndinaona kuti kupendekerako kukuchuluka pang'ono kuposa kwake. Ndinadziwa kuti kadumpho kakubwera, ndipo katabwera kanali kadumpho basi. Ndinayambitsa kachitatu nditayandikira khoma. Unali msewu wa m'mbali mwa nyumba, wojambulidwa ndi foni yakale yogwedera. Munalibe munthu.

Nditatuluka ndinawapeza pamasitepe, kapu ya tiyi ili m'manja. Anandiyang'ana kamodzi. Sanandifunse, ndipo sananene kuti anandiuza kale.

"Mwamaliza? Anthu akubwera. Bweretsani foni yanu ndikutumizireni."

Ananditumiziradi. Kwawoko anafufuta ine ndikuona, kawiri monga mwa nthawi zonse. Masana amenewo anaonetsa kanema wa zitseko za chikepe zikutseguka ndi kutsekeka, Yohane akufunsa ngati chikepecho chigwe. Mayi Nasibeko anakhala pafupi nane n'kundipatsa ndasi limodzi kuposa ena onse.

Kontrakiti ya a Makwinja itatha, kampani sinawonjezere. Anati zaka zachuluka, komanso shuga. Anakangana nawo, analephera, analongedza. Pulojekita anasiyira Yohane, ati chifukwa ndi yekhayo amene sanagonepo akuonera. Ku Blantyre akuti sanakhazikike. Ankayenda wapansi kuchoka ku Ndirande kukafika ku Limbe ndi mpini wa mopu, ana akuwatsatira, akazi awo akudandaula kuti anadikira mwamuna zaka zonsezi kuti adzalandire nsapato zafumbi. Mayi Nasibeko akuti amene anawapeza ndi mayi wina wogulitsa nthochi amene ankawaona akudutsa tsiku ndi tsiku. Anadziwa ali patali kuti sizili bwino, chifukwa anali atakhala pansi.

Kanema uja ndikadali naye. Ndamuonera kambirimbiri, pabasi, pageti, m'sitima, ndipo Tiya sanabwereremo. Ndinafuna kumusunga, ndinapatsidwa, ndipo ndi momwemo. Uthenga wa malirowo utabwera ndinamutsegulanso, nditavala zomvetsera m'makutu, ndipo ndinamva chimene ndinali ndisanachilabadire. Mawu a kanema ameneyu sanawasinthe. Mulibe mbalame, mulibe makina. Muli mpweya wa munthu wachikulire amene akuthamanga mayendedwe osakhala ake, wefuwefu, ndi kubuula pang'ono pofika pakadumpho kaja, bondo litakana.

Lachisanu lapitali ndinapita ku Al Thumama. Yohane anasamutsidwira kumalo ena antchito ndipo pulojekita anapita nayo. Akuti amaonetsera mpira. M'kachipinda kaja tsopano muli masilinda a gasi, masutikesi a anthu amene ali patchuthi, ndi fani yothyoka khosi. Matiresi anatayidwa. Penti yoyera ikadalipo pakhoma, mbali zake zokhotakhota poti anapaka mothamanga, ndipo wina walembapo ndi bolopeni nambala ya wogulitsa madzi. Pamsomali pali legeni limodzi louma. Ndinatseka chitseko n'kuima mumdimamo. Pamasitepe pamwamba panga sipanadutse munthu.

M'mawa womaliza wa Tiya palibe anajambula. Ine ndinkaweruka, iye ankafika, ndipo tinakumana pamene basi imatsitsira anthu ku The Pearl, a Makwinja akuliza hutala kuti galimoto ina iwapatse njira. Tinalibe nthawi. Ndinavula chipewa cha yunifolomu kuti ndipukute thukuta, iye anandiyang'ana kumutu, n'kugwira pakamwa. Anayamba kuthamangira kukhomo la antchito, kenaka anatembenuka akuyendabe chambuyo. Sindinauzepo munthu zimene ananena, ndipo ndizilemba pano pokha.

"Inu, wakumetani ndani chonchi? Musavule chipewacho mpaka Lachisanu. Ndidzakukonzani ndekha."